Wonena kuti cilipo acionetse: phunziro la umboni m'mabuku a masamu ndi a apaulendo

LUSAKA - M'makomboni a mzinda wa Lusaka, dzuwa sililowa munthu asanauzidwe cinthu cimene ayenera kukhulupirira popanda kuciona ndi maso. Wogulitsa mizu pa msika wa Soweto amanena kuti mankhwala ake amatsitsa shuga m'thupi. Mwini citsime ku Kanyama amanena kuti madzi ake ndi abwino popeza ndi oyera ndipo banja lake lakhala likumwa kwa zaka zambiri. Uthenga wa pa foni umafika ku Matero m'mawa, ndipo pofika madzulo wafala mpaka ku Chawama ndi ku George, popanda wodziwa kumene unayambira.

Zina mwa nkhani zimenezi ndi zoona, zina ndi zabodza, ndipo zina zikhoza kutayitsa moyo. Cimene cimazilekanitsa ndi umboni. Koma kodi umboni ndi ciani, ndipo umakwanira liti?

Funso limeneli ndilo linali nchito yaikulu ya katswiri wina wa ku Netherlands, Pulofesa Anne Sjerp Troelstra, amene anasiya mabuku a mitundu iwiri yooneka ngati yosagwirizana konse. Mtundu woyamba ndi wa masamu ozama ofufuza kamangidwe ka umboni. Waciwiri ndi wofotokoza mabuku a anthu amene anayenda maulendo ataliatali kukalemba za nyama, mbalame, nsomba ndi zomera. Maulendo otere anadutsanso m'zigwa za Zambezi, Luangwa ndi Shire, ndipo zimene zinalembedwa pa maulendowo zikukhudzabe anthu a dziko lino.

A Troelstra anali ndani?

A Troelstra anabadwa m'caka ca 1939 ndipo anamwalira mu Marichi 2019. Anaphunzira pa yunivesite ya Amsterdam, kumene analandira digiri ya udokotala wa masamu mu 1966 motsogozedwa ndi Arend Heyting. Anakhala pulofesa pa yunivesite yomweyo kucokera mu 1970 kufikira pamene anapuma nchito mu 2000.

Mu 1988, iwo pamodzi ndi Dirk van Dalen anatulutsa buku la zigawo ziwiri lochedwa Constructivism in Mathematics. Mu 1996, pamodzi ndi Helmut Schwichtenberg wa ku Munich, analemba Basic Proof Theory, buku limene linasindikizidwa ndi Cambridge University Press ndi kutulukanso kaciwiri mu 2000. Ophunzira masamu ndi sayansi ya makompyuta m'maiko ambiri amaliwerenga mpaka lero.

Atapuma nchito anatembenukira ku zacilengedwe. Mu 2003 anatulutsa buku la m'cilankhulo ca kwao lochedwa Tijgers op de Ararat, lonena za maulendo a ofufuza zacilengedwe a pakati pa 1700 ndi 1950. Mu 2016 anatulutsa Bibliography of Natural History Travel Narratives, mndandanda waukulu wa mabuku a maulendo otere ndi mbiri za amene anawalemba.

Zitsanzo zambiri si umboni

Kuti munthu amvetse nchito yoyamba ya a Troelstra, ayenera kuyambira pa masamu amene mwana wa sukulu ku Mtendere angawacite pa pepala.

Pali manambala ochedwa osagawika. Awa ndi manambala oposa 1 amene sagawika ndendende ndi nambala ina iliyonse kupatula 1 ndi iwo okha, monga 2, 3, 5, 7, 11 ndi 13.

Mu 1772, katswiri wa ku Switzerland Leonhard Euler anaonetsa kawerengedwe kocititsa cidwi. Munthu atenga nambala, aiculukitsa ndi iyo yokha, awonjezera nambala yomweyo, kenaka awonjezera 41. Akayamba ndi 0 apeza 41. Akayamba ndi 1 apeza 43. Pa 2 apeza 47, ndipo pa 3 apeza 53. Onsewa ndi manambala osagawika. Akapitiriza mpaka pa 39, yankho lililonse likhala losagawika.

Munthu amene wayesa nthawi 40 osalephera angalumbire kuti lamuloli ndi losasweka. Koma pa 40 yankho ndi 1,681, ndipo nambala imeneyi ndi 41 kuculukitsa ndi 41. Zitsanzo 40 zotsatizana sizinali umboni. Zinangoonetsa kuti cotsutsa cinali cisanafike.

Umboni weniweni umaoneka mwa mtundu wina. Zaka pafupifupi 2,300 zapitazo, Euclid wa ku Alexandria m'dziko la Egypt anaonetsa kuti manambala osagawika alibe mapeto. Njira yake ndi iyi: munthu atenge mndandanda uliwonse wa manambala osagawika, awaculukitse onse pamodzi, ndi kuwonjezera 1. Nambala imene yatuluka ikagawidwa ndi nambala iliyonse ya pa mndandandawo, itsala ndi 1. Motero kaya iyo yokha ndi yosagawika, kaya igawika ndi nambala ina yosagawika imene siinali pa mndandanda.

Mwacitsanzo, 2, 3 ndi 5 akaculukitsidwa apereka 30, ndipo powonjezera 1 atuluka 31, nambala yosagawika yatsopano. Mndandanda wa 2, 3, 5, 7, 11 ndi 13 upereka 30,031, nambala imene ndi 59 kuculukitsa ndi 509, ndipo onse awiriwa ndi osagawika amene sanali pa mndandanda. Euclid anapereka njira imene aliyense angaitsate ndi kupeza yankho yekha, popanda kudalira ulemu kapena kuchuka kwa amene wanena.

Mkangano wa ku Amsterdam

Minibasi ikanyamuka ku Matero kupita m'tauni itanyamula anthu 13, n'zosakayikitsa kuti awiri mwa iwo anabadwa mwezi umodzi, popeza miyezi ilipo 12 cabe. Wokayika akhoza kufunsa okwera mmodzimmodzi, ndipo awiriwo adzapezeka basi isanafike. Bvuto limayamba pamene zinthu zofunika kuziona zilibe mapeto, cifukwa palibe angazifunse zonse.

Mu 1742, Christian Goldbach anapereka ganizo lakuti nambala iliyonse yoposa 2 imene igawika ndi 2 ingapangidwe pophatikiza manambala awiri osagawika. Mwacitsanzo, 8 ndi 3 kuphatikiza 5, 20 ndi 7 kuphatikiza 13, ndipo 100 ndi 47 kuphatikiza 53. Makompyuta ayesa manambala osawerengeka ndi mutu wa munthu ndipo sanapeze yotsutsa, koma umboni wakuti lamuloli ligwira pa manambala onse sunapezeke mpaka lero.

Akatswiri ambiri a masamu amanena kuti ngakhale yankho silidziwika, ganizoli ndi loona kapena ndi labodza, palibe cacitatu. Koma L. E. J. Brouwer wa ku Amsterdam, amene anakhala ndi moyo kucokera mu 1881 kufikira mu 1966, anakana kalankhulidwe kotere. Iye anaphunzitsa kuti munthu sayenera kunena kuti cimodzi mwa ziwiri ndi coona asanakhale ndi njira yodziwira kuti ndi citi. Anaphunzitsanso kuti wonena kuti nambala yakutiyakuti ilipo ayenera kuionetsa kapena kupereka njira yoipezera. Kungoonetsa kuti kusakhalapo kwake kungabweretse kutsutsana sikukwanira.

Mu 1930, Heyting, amene anali wophunzira wa Brouwer, analemba malamulo a kaganizidwe kameneka mwadongosolo. A Troelstra, monga wophunzira wa Heyting, anapitiriza nchitoyo ndi kufufuza kuti ndi masamu ati amene angaime pa maziko okhwimawa ndi ati amene sangaime.

Kutsegula injini ya umboni

Phunziro lochedwa proof theory limatenga umboni weniweniwo ndi kuuyang'ana monga mmene makaniko amatsegulira injini. Linayamba ndi David Hilbert wa ku Germany m'zaka za m'ma 1920. Mu 1935, Gerhard Gentzen anaonetsa mmene umboni ungagawidwire m'masitepe ang'onoang'ono, sitepe lililonse lokhala ndi lamulo lake lodziwika. Buku la Basic Proof Theory limafotokoza njira zimenezi ndi mmene zimalumikizanirana.

Phindu lake ndi lakuti umboni wogawidwa motero ungayesedwe ndi makina. Mu 1976, Kenneth Appel ndi Wolfgang Haken anaonetsa kuti mapu alionse, monga a zigawo 10 za Zambia, angapakidwe ndi mitundu 4 cabe popanda madera awiri ogawana malire kufanana mtundu. Ena anakayika cifukwa mbali yaikulu ya nchitoyo inacitidwa ndi kompyuta ndipo munthu sakanatha kuiwerenga yonse. Mu 2005, Georges Gonthier anamaliza kulemba umboniwo m'pulogalamu yochedwa Coq, imene inayesa sitepe lililonse. Njira zomwezi zimasewenzetsedwa masiku ano poyesa mapulogalamu a makompyuta amene kulakwa kwake kungaike miyoyo ya anthu pa ngozi.

Umboni wa munthu wa paulendo

Munthu wobwera kucokera kutali amakumana ndi funso lofanana. Akanena kuti waona nyama kapena mtengo umene omumvera sanauonepo, adzamukhulupirira bwanji?

Ofufuza zacilengedwe anagwirizana pa lamulo lofanana ndi la Brouwer: wonena kuti camoyo cakuti cilipo acibweretse. Cimafunika ndi citsanzo ceniceni, monga nthambi youma yokhala ndi masamba, maluwa kapena zipatso, cikopa ca mbalame, kapena nsomba yosungidwa m'mankhwala. Pa citsanzoco pamalembedwa malo amene cinatengedwa, tsiku, ndi dzina la amene anacitola. Kenaka cimasungidwa pa malo amene wina aliyense wokayika angapite kukaciona, ngakhale patapita zaka 100.

Dera la anthu olankhula Cinyanja lili m'mabuku ambiri a mtundu umenewu. Mu 1831, Mpwitikizi António Gamitto ananyamuka ku Tete pamodzi ndi José Monteiro, nadutsa m'dziko la Amaravi ndi Acewa, kuoloka Luangwa mpaka kwa Mwata Kazembe. Buku lake, O Muata Cazembe, linatuluka ku Lisbon mu 1854 ndipo limafotokoza miyambo, ulimi ndi nyama za m'njira.

M'zaka za m'ma 1840, Wilhelm Peters wa ku Germany anakhala ku Mozambique, kuphatikizapo ku Tete, akutola nsomba, njoka ndi nyama zina. Mabuku a zimene anapeza anatuluka pakati pa 1852 ndi 1882. Iye ndiye anafotokoza koyamba m'sayansi nsomba imene lero imachedwa Oreochromis mossambicus, imene tsopano imawetedwa m'maiko ambiri.

David Livingstone anafika pa mathithi a Mosi-oa-Tunya mu Novembala 1855 ndipo anatulutsa Missionary Travels mu 1857. Pa ulendo wake wa pa Zambezi umene unayamba mu 1858, anali ndi dokotala John Kirk, amene anatola zomera zambiri ndi kuzitumiza ku Kew m'dziko la Britain.

Emil Holub, dokotala wa ku dziko la Acheki, anaphunzira phunziro lowawa. Mu 1886 msasa wake unafwambidwa m'dziko la Aila, kumpoto kwa mtsinje wa Kafue, ndipo zambiri zimene anatola pamodzi ndi mabuku ake ena a zolemba za tsiku ndi tsiku zinatayika. Cimene munthu waona koma alibe cocionetsa cimatsala nkhani cabe.

Maina amene anatsala

Zotsatira za maulendo amenewa zimaoneka ngakhale m'misewu ya Lusaka. Mvula ikayamba, amayi amagulitsa masuku m'mabeseni ku Chawama, ku Kalingalinga ndi m'makomboni ena. Dzina la sayansi la mtengo wa msuku ndi Uapaca kirkiana, kutanthauza kuti unachedwa ndi dzina la John Kirk. Nyamalikiti wa m'cigwa ca Luangwa anapatsidwa dzina la Harry Thornicroft, bwanamkubwa wa boma la atsamunda ku Petauke, pamene Richard Lydekker anamufotokoza mu 1911.

Anthu anali kudya masuku ndi kuona nyamalikiti zaka mazanamazana Kirk ndi Thornicroft asanabadwe. Alendowo sakanapeza njira, madzi, ngakhale mitengo imene anatola popanda olondolera, onyamula katundu, alenje ndi asing'anga a m'deralo. Komabe pa mapepala omatidwa pa zitsanzo, kawirikawiri panalembedwa dzina la mlendo yekha. Cidziwitso cinali ca eni dziko, koma umboni wolembedwa unali m'manja mwa ena, ndipo dzina linatsata umboniwo.

Nkhani ya kombe

Citsanzo coonekeratu ndi ca kombe. Alenje a Cimang'anja a m'cigwa ca Shire, m'dziko limene tsopano ndi Malawi, anali kupaka mivi yawo ulembe wocokera ku njere za comera cokwera m'mitengo cochedwa kombe. Iwo anadziwa kuupanga, anadziwa mphamvu yake, ndipo anadziwa kuti akadula ndi kutaya mnofu wozungulira bala, nyama yotsalayo ingadyedwe.

Kirk anakumana ndi comeraci mu 1859 kudera la mfumu Chibisa, kufupi ndi Chikwawa wa lero. Buku la Livingstone ndi mng'ono wake Charles la mu 1865, lonena za ulendo wa pa Zambezi, limasimba kuti tsiku lina Kirk anatsuka mano ndi mswaci umene unali m'thumba limodzi ndi ulembewo. Anamva kuwawa m'kamwa, ndipo pambuyo pake anazindikira kuti kugunda kwa mtima wake kwacepa.

Cimene cinacitikira munthu mmodzi tsiku limodzi sicinali umboni. Cinali ciyambi ca funso. Njere zinatumizidwa ku Britain, kumene Thomas Fraser wa pa yunivesite ya Edinburgh anaziyesa kwa zaka zambiri kuti adziwe cimene cimagwira nchito m'njerezo ndi mlingo wake. Mu 1871, Daniel Oliver wa ku Kew anacha comeraco Strophanthus kombe, kusunga liu la Cimang'anja m'dzina la sayansi. Mu 1885, Fraser analengeza za mankhwala a mtima ocokera ku kombe, ndipo posakhalitsa kampani ya Burroughs Wellcome ya ku London inayamba kuwagulitsa. Njere zinali kugulidwa kucokera ku Nyasaland.

Nkhani imeneyi ili ndi mbali ziwiri. Yoyamba ndi yakuti alenje a ku Shire anali ndi cidziwitso ceniceni, ndipo amene amanyoza zonse za makolo ngati zikhulupiriro cabe amalakwitsa. Yaciwiri ndi yakuti njere yomweyo imene imathandiza mtima wofooka ndiyo imapha nyama yaikulu. Kusiyana kwa mankhwala ndi poizoni kuli pa mlingo, ndipo mlingo umadziwika mwa kuyesa mobwerezabwereza ndi kulemba zotuluka, zabwino ndi zoipa zomwe.

Kambalame kamodzi ka a Makawa

Si nthawi zonse pamene dzina la mwini dziko linasiyidwa. A Jali Makawa anabadwira ku Mozambique ndi kukulira ku Nyasaland, kumene anayamba kugwira nchito ndi a C. W. Benson m'zaka za m'ma 1930. A Benson anali wanchito wa boma la atsamunda amene pambuyo pake anasamukira ku Northern Rhodesia, ndipo ndi mmodzi mwa olemba buku la The Birds of Zambia la mu 1971. A Makawa anachuka cifukwa ca maso akuthwa ndi luso lozindikira mbalame pomva kulira kwake.

Mu Sepitembala 1964, a Makawa anatola kambalame ka cifuwa coyera m'nkhalango zowirira za kumpoto cakumadzulo kwa Zambia. Mu 1965, a Benson ndi a Michael Irwin anakafotokoza ngati mtundu watsopano ndi kukacha Pogoniulus makawai, polemekeza amene anakapeza.

Cicokereni nthawi imeneyo, ofufuza abwerera kunkhalangoko kangapo koma palibe citsanzo caciwiri cimene capezeka. Mkangano unabuka: kodi ndi mtundu paokha, kapena ndi kambalame ka mtundu wodziwika kale kamene kanangobadwa ndi nthenga zacilendo? Popeza cikopa cake cinasungidwa ku Tring m'dziko la Britain, akatswiri anatha kuyesa DNA yake, ndipo zotuluka za mu 2018 zinaonetsa kuti kali pa cibale capafupi kwambiri ndi mbalame yodziwika ya Pogoniulus bilineatus.

Apa ndi pamene umboni wa masamu ndi wa zacilengedwe umasiyana. Zimene Euclid anaonetsa sizidzasintha. Zimene wofufuza zacilengedwe wapeza zikhoza kukonzedwa umboni wina ukabwera. Koma kukonzako kunatheka cifukwa a Makawa anabweretsa cinthu ceniceni, cokhala ndi malo ndi tsiku, cimene anthu ena anatha kuciyesanso patapita zaka zoposa 50.

Madzi oyera a ku Kanyama

Phunziro la Euler, lakuti kupambana nthawi 40 si umboni, lili ndi tanthauzo lalikulu kwa anthu amene amamwa madzi a m'zitsime zosazama.

Mbali yaikulu ya kumwera ndi kumadzulo kwa Lusaka, kuphatikizapo Kanyama, yakhala pa miyala ya laimu imene ili ndi ming'alu ndi maenje pansi. Madzi a pansi pa nthaka ali pafupi, ndipo m'nyengo ya mvula amakwera. Zonyansa za m'zimbudzi zokumba zimadutsa m'ming'aluyo mofulumira, zisanasefedwe mokwanira ndi dothi, ndi kulowa m'zitsime zapafupi. Kacilombo ka kolera sikaoneka ndi maso ndipo sikasintha maonekedwe a madzi. Citsime cimene sicinadwalitse munthu kwa zaka 10 cikhoza kudwalitsa banja lonse m'sabata imodzi.

Mliri wa kolera umene unayamba mu Okutobala 2017 unagwira anthu oposa 5,000 mu Lusaka mokha pofika mu Meyi 2018, ndipo Kanyama inali pakati pa madera okhudzidwa kwambiri. Madzi atayesedwa pa nthawiyo, zitsime zosazama zambiri zinapezeka ndi tizilombo tocokera m'cimbudzi. Mliri wina unayamba mu Okutobala 2023 ndi kugwira anthu oposa 20,000 m'dziko lonse, ndipo oposa 700 anamwalira. Bwalo la National Heroes linasandutsidwa malo ocizirako odwala, ndipo masukulu anacedwa kutsegulidwa mpaka pa 12 Febuluwale 2024.

Umboni wakuti madzi ndi abwino umacokera pa kuwayesa. Pamene kuyesa kulibe, cotsala ndi kuwawiritsa kapena kuthiramo klorini.

Cidziwitso ca m'makomboni

M'makomboni a Lusaka muli anthu ocokera m'zigawo zonse za dziko lino ndi m'maiko oyandikana nalo. Agogo ambiri a ku George, Matero ndi Mtendere anakulira kumudzi ndipo amadziwa maina a mitengo, bowa wodyedwa ndi wakupha, nyengo ya finkubala ndi inswa, ndi mizu imene makolo anali kusewenzetsa. Adzukulu awo obadwira m'tauni ambiri sadziwa ngakhale theka la maina amenewa. Mitengo yake nayonso ikutha m'madera ozungulira mzinda cifukwa ca makala ndi kumanga nyumba.

Mu 2016, nyumba ya malamulo inakhazikitsa lamulo nambala 16 loteteza cidziwitso ca makolo, cuma ca zamoyo ndi zaluso za cikhalidwe. Lamuloli ligwirizana ndi pangano la maiko la ku Nagoya la mu 2010, limene cifuno cake ndi cakuti eni cidziwitso azigawirako phindu pamene ena apanga malonda ndi zomera zawo, kusiyana ndi zimene zinacitika ndi kombe. Koma wofuna citetezo ca lamulo amafunikanso kuonetsa kuti cidziwitsoco ndi cake ndiponso kuti cinalipo kale. Apanso cofunika ndi umboni.

Mbali inayo, munthu wodwala shuga kapena kuthamanga kwa magazi amene wauzidwa kuti asiye mankhwala a kucipatala ndi kumwa mizu, ali ndi ufulu wofunsa mafunso amene Fraser anafunsa pa kombe. Kodi ndi comera citi? Mlingo wake ndi wotani? Anayesa ndani, pa anthu angati, ndipo amene sanacire analembedwa kuti? Bungwe la Zambia Medicines Regulatory Authority ndilo lili ndi udindo woyang'anira mankhwala ogulitsidwa m'dziko lino.

Nchito yolemba siilinso m'manja mwa alendo okha. Yunivesite ya Zambia, imene yayandikana ndi komboni ya Kalingalinga, ili ndi nkhokwe ya zomera zouma, ndipo ina ili pa malo ofufuzira zaulimi a Mount Makulu ku Chilanga. Mu 2005, katswiri wa zomera wa dziko lino, a P. S. M. Phiri, anatulutsa mndandanda wa mitundu zikwizikwi ya zomera za m'Zambia. Mindandanda yotere imakula pamene anthu abweretsa zitsanzo zatsopano zolembedwa bwino.

Zofunika kuti munthu ayambe ndi zocepa: kope, colembera, ndi foni yojambula zithunzi ngati ilipo. Akulu anati kuona maso a nkhono n'kudekha. Mwana wa sukulu amene wakhala pansi ndi agogo ake ayenera kulemba dzina la mtengo m'cilankhulo cawo, malo amene waupeza, tsiku, nchito imene amati umagwira, ndi kusunga nthambi youma pakati pa mapepala. Ayeneranso kulekanitsa cimene waona yekha ndi cimene wauzidwa. Pomaliza alembe cimene apaulendo akale ambiri anasiya: dzina la munthu amene wamuonetsa.